Mutu 11: Ana obadwira m'magulu achipembedzo otsekera anthu

Gulu lachipembedzo lotsekera anthu ndi lija limene mtsogoleri mmodzi, kapena kagulu kochepa komuzungulira, kamalamulira moyo wonse wa otsatira ake: chimene adye, amene acheze naye, amene akwatirane naye, kumene ndalama yawo ipite, ngakhalenso ngati wodwala apite kuchipatala kapena agone m'nyumba kudikira pemphero. Gulu lotere silidziwika ndi zovala, kuchepa kwa anthu, kapena chiphunzitso chachilendo. Mipingo yambiri imene lero ili ndi masukulu ndi zipatala m'Malawi inayamba ndi anthu owerengeka pansi pa mtengo, anzawo akuwaseka. Chozindikiritsa gulu lotsekera anthu chili pa mafunso awiri. Kodi membala angathe kufunsa mtsogoleri osalangidwa? Nanga angathe kuchoka osataya mayi ake, ana ake ndi pogona pake? Yankho likakhala ayi ponse pawiri, pamenepo pali vuto, nyimbo zikome bwanji.

Kusiyanitsaku n'kofunika chifukwa dziko lino linapsapo kale. Mu 1967 boma la Dr Hastings Kamuzu Banda linaletsa Mboni za Yehova, makamaka chifukwa chokana kugula makadi a chipani cha MCP. Anthu anamenyedwa, nyumba zinatenthedwa, ena anaphedwa, ndipo zikwizikwi anathawira ku Zambia ndi ku Mozambique. Chiletsocho chinachoka mu 1993. Malamulo aakulu a dziko a 1994 anadzapereka, m'gawo 33, ufulu wa chikumbumtima ndi wa chipembedzo kwa munthu aliyense. Kunena kuti mpingo wakutiwakuti ndi woopsa n'kosavuta, ndipo andale amatha kugwiritsa ntchito mawuwo pothana ndi amene sakuwagwadira. Koma malamulo omwewo, m'gawo 23, amatetezanso mwana. Wamkulu ali ndi ufulu wokana mankhwala pa thupi lake. Alibe ufulu wokanira mwana wake.

Zimene zinachitikapo kale

Chigawo cha kumpoto chimaudziwa bwino uthenga wa kutha kwa dziko. Mu 1908 Elliot Kamwana, Mtonga wophunzira kusukulu za mishoni ya Livingstonia, anabwera kuchokera ku South Africa ndi chiphunzitso cha Watch Tower, n'kumalalika kuti mu 1914 ulamuliro wa azungu ndi msonkho wawo zidzatha. M'miyezi yochepa anabatiza anthu oposa 9,000 m'dera la Nkhata Bay, ndipo atsamunda anamupirikitsa m'dziko mu 1909. Kamwana sanatsekere anthu m'mpanda, ndipo olemba mbiri ambiri amamuona ngati mmodzi wa oyamba kutsutsa utsamunda. Nkhani yake ikungoonetsa mmene lonjezo la tsiku lomaliza limakokera anthu otopa ndi moyo. Wina wochokera kumpoto komweku, Tomo Nyirenda, anafika poipa. Mu 1925 anadzitcha Mwana Lesa, n'kumamiza m'madzi anthu amene ankawanena kuti ndi mfiti ku Northern Rhodesia ndi ku Katanga. Anafa anthu oposa 100, ndipo iye ananyongedwa mu 1926.

Kutsidya kwa malire a Mzimba kunachitika nkhani ya mpingo wa Lumpa wa Alice Lenshina, umene unayambira ku Chinsali m'zaka za m'ma 1950 n'kufika mpaka ku Lundazi. Otsatira ake atayambana ndi chipani cha UNIP anasamuka m'midzi mwawo, n'kumanga midzi yawoyawo yozunguliridwa ndi mipanda. Mu 1964, Zambia ili pafupi kulandira ufulu, anamenyana ndi asilikali a boma ndipo anafa anthu osachepera 700. Ana awo ambiri anakulira m'dziko la eni ku Congo. Apa mlandu sunali wa mbali imodzi, poti a Lumpa nawonso anazunzidwa kwambiri. Koma ana amene anabadwira m'mipandayo sanasankhe mbali.

Zoopsa za posachedwa zinamveka pawailesi dziko lonse. Ku Kanungu m'dziko la Uganda, gulu la Joseph Kibwetere ndi Credonia Mwerinde linalosera kuti dziko litha kumapeto kwa 1999. Tsiku litadutsa, ena anayamba kufuna katundu amene anapereka. Pa 17 March 2000 anthu mazanamazana anapsera m'tchalitchi chokhomedwa zitseko, ndipo mitembo ina itafukulidwa m'malo ena a gululo, chiwerengero chinapitirira 700. Mu April 2023 apolisi a ku Kenya anayamba kufukula manda m'nkhalango ya Shakahola, kumene Paul Mackenzie ankauza anthu kuti asale kudya mpaka akakumane ndi Yesu. Mitembo inaposa 400, ndipo opulumuka ananena kuti ana ndiwo ankayambitsidwa. Mackenzie anali atalalika kwa zaka zambiri kuti sukulu ndi chipatala ndi za mdyerekezi.

Kwathu kuno vutoli limaonekera kwambiri pakagwa mliri. Mu 2010 chikuku chinagwira anthu oposa 130,000 m'Malawi ndi kupha pafupifupi 300, ndipo m'maboma angapo a zaumoyo anachita kupita ndi apolisi kukabaya katemera ana amene makolo awo ankawabisa chifukwa cha chikhulupiriro. Dandaulo lomweli linamvekanso pa kolera ya 2022 ndi 2023, imene inapha anthu oposa 1,700.

Mmene khomo limatsekekera

Magulu otere sachita kufuna nkhalango. Amatha kukhala pakati pa tauni, mpanda wake n'kukhala wa mantha osati wa njerwa. Mzinda wa Mzuzu unali ndi anthu oposa 220,000 pa kalembera wa 2018, ndipo ambiri amakhala m'madera othithikana monga Ching'ambo, Chiputula, Zolozolo, Chibavi ndi Mchengautuwa. Ching'ambo ili ndi malo otsika a m'dambo amene amavutika mvula ikachuluka, monga zinachitikira mu April 2016 pamene nyumba zambiri mumzindawu zinagwa. Okhalamo ambiri ndi obwera, ochokera ku Mzimba, Rumphi, Karonga, Chitipa, Nkhata Bay ndi kwina, odzafuna ganyu kapena kabizinesi. Kumudzi munthu ali ndi amalume, azakhali ndi mfumu amene angamufunse kuti, "Kodi ana aja bwanji sakupita kusukulu?" M'tauni funso limenelo lilibe mwini.

Munthu wotere, lendi yamuthina, mwana wadwala, akakumana ndi anthu omuitanira kumapemphero, omugawira ufa ndi omuthandiza pamaliro, wapeza abale. Timagulu tambiri ta mapemphero timene timakumana m'makalasi a sukulu ndi m'nyumba za anthu timathera pomwepo, ndipo timachita ntchito yabwino. Timene timasanduka ndende timasintha pang'onopang'ono. Mapemphero amachoka pa kamodzi pa sabata n'kufika tsiku lililonse. Kenako munthu wa Mulungu amaona m'masomphenya kuti amene akutseka mwayi wa banjalo ndi agogo akumudzi, ndiye ulendo wa kumudzi umatha. Wailesi imaletsedwa, mankhwala amasanduka chizindikiro cha chikhulupiriro chochepa, ndipo wofunsa amakumbutsidwa kuti wodzozedwa satsutsidwa. Pofika poti ana achoke kusukulu, kholo limakhala litapereka kale zambiri, moti kubwerera kumakhala ngati kuvomera kuti zaka zonsezo linapusitsidwa.

Ubwana wa m'kati

Pali kusiyana kwakukulu pakati pa amene analowa ali wamkulu ndi amene anabadwiramo. Woyamba amakumbukira moyo wina: anali ndi anzake, anapitako kusukulu, amadziwa kuti jakisoni sapha. Wobadwiramo alibe chofananitsira. Kwa iye anthu ali pawiri basi, osankhidwa ndi akunja, ndipo akunjawo akudikira moto.

Tsiku la katemera limaonetsa bwino ubwana umenewu. Mlangizi wa zaumoyo akuyenda khomo ndi khomo, kabokosi kozizira paphewa, choko cholembera pazitseko m'manja. Pakhomo loyandikana amayi akutulutsa mabuku akusikelo, ana akulira, ena akuonetsana chala chopakidwa inki. Pakhomo ili ana anauzidwa usiku kuti mawa kubwera anthu odinda chizindikiro cha chilombo. M'mamawa atsekeredwa kuchipinda, wamkulu wauzidwa kuti atseke pakamwa wakhanda. Mlangizi agogoda, amayi ayankha ali pakhomo kuti, "Kuno kulibe ana." Mwana wa zaka zisanu ndi ziwiri amene akumvetsera kuseri kwa chitseko waphunzira zinthu ziwiri nthawi imodzi: kuti wakunja ndi mdani, ndiponso kuti kunamiza wakunja si tchimo.

Zina zimabwera ndi zaka. Mwana amaphunzira kuulula machimo pagulu, ndi kunenera anzake, ngakhale makolo ake. Amasala kudya thupi lake likufuna kukula. Mng'ono wake akamwalira ndi matenda ochizika, amauzidwa kuti m'nyumbamo munali tchimo lobisika, ndipo iye amayamba kudzifufuza kuti mwina ndi maganizo aja anali nawo Lachiwiri. Mtsikana akangotha msinkhu, mkulu wina wa mpingo amatha kulota kuti Mulungu wamupatsa iyeyo, ndipo loto silikanidwa. Mu March 2024 apolisi a ku Zimbabwe atalowa pafamu ina ku Nyabira, ya mneneri Ishmael Chokurongerwa, anapeza ana 251 osapita kusukulu, akugwiritsidwa ntchito. 246 mwa iwo analibe zikalata za kubadwa. Panalinso manda 16 osadziwika ku boma. Mwana wopanda chikalata akamwalira, m'mabuku a boma simusintha kanthu.

Komabe kungakhale kunama kunena kuti ubwanawu ndi misozi yokhayokha. Mumakhala kuyimba kokoma, kudyera pamodzi, akuluakulu ambiri amene mwana amawaitana kuti amayi ndi abambo, ndi kunyada kodziwa kuti iwe uli m'gulu la opulumuka. Makolo ambiri amawakonda ana awo ndi mtima wonse, ndipo powamana mankhwala amakhulupirira kuti akuwapulumutsa. Amene samvetsa mbali imeneyi sangamvetse chifukwa chimene wotuluka amalirira malo amene anamuzunza.

Kutuluka

Anthu ambiri amaganiza kuti ulosi ukalephera gulu limabalalika. Sizikhala choncho nthawi zonse. Mu 1956 katswiri wa za maganizo Leon Festinger ndi anzake anafalitsa kafukufuku wa kagulu kena ka ku America kamene kanadikira chigumula pa tsiku lodziwika. Tsikulo litadutsa, amene anataya zambiri chifukwa cha gululo ndiwo analimbikira kwambiri, ponena kuti chikhulupiriro chawo ndicho chapulumutsa dziko. Kwa wobadwiramo, chikayiko sichiyamba ndi mtsutso wa chiphunzitso. Chimayamba ndi chinthu chooneka ndi maso: kupeza mapiritsi m'nyumba mwa mtsogoleri woletsa mankhwala, kuona ana ake akuphunzira sukulu yolipira, kapena kulandira chifundo kwa mayi woyandikana naye amene amati ndi wa Satana. Ena amathawa ukwati wokakamizidwa. Ena amachita kuthamangitsidwa chifukwa chofunsa. Ambiri amatuluka n'kubwerera, n'kutulukanso, ndipo achibale sayenera kuona kubwererako ngati mapeto.

Kuyamba moyo wina

Wotuluka amakumana ndi mavuto a m'manja asanafike pa a mumtima. Loyamba ndi pogona. Amene ali ndi mwayi amafikira kwa amalume kapena azakhali amene sanalowe nawo gululo. Wopanda mwayi amagona kukhitchini kwa mnzake, kapena amalowa ntchito ya m'nyumba yongolipidwa chakudya. Apa atsikana ali pachiopsezo chachikulu, chifukwa munthu amene anaphunzitsidwa kuyambira ali khanda kuti wamkulu sakanidwa ndi wosavuta kumudyera masuku pamutu.

Lachiwiri ndi mapepala. Kuyambira 2017 Mmalawi aliyense wa zaka 16 kupita m'tsogolo amayenera kukhala ndi chiphaso cha unzika chochokera ku National Registration Bureau. Popanda chiphasocho n'kovuta kulembetsa nambala ya foni, kutsegula akaunti kubanki kapena kulowa ntchito yolembedwa. Kuti achipeze pamafunika anthu omuchitira umboni, ndipo amene akudziwa tsiku lake lobadwa ndi omwe aja sakumulankhula. Apa ndi pamene mfumu ya m'dera, mtsogoleri wa buloko kapena wachibale wakutali amakhala wofunika kuposa mlaliki.

Lachitatu ndi sukulu. Pulayimale ndi yaulere kuyambira 1994, ndipo lamulo la maphunziro la 2013 limati mwana aliyense aphunzire. Koma mnyamata wa zaka 19 amene anasiyira Sitandade 3 sangakhale pabenchi limodzi ndi ana osadziwa kupukuta mamina. Njira zilipo, ngakhale n'zopapatiza: sukulu za kwacha kwa oyamba kumene kuwerenga, sekondale za masana kwa amene anakhoza mayeso a Sitandade 8, kulemba mayeso a MANEB ngati wodziphunzirira, ndi maphunziro a ntchito zamanja a pansi pa TEVETA monga ukalipentala, utelala ndi kuwotcherera zitsulo. Podikira zimenezo munthu ayenera kudya, choncho amaumba njerwa, amachapa zovala za eni, amagulitsa mandasi kapena amapalasa njinga ya kabaza, imene ku Mzuzu amaitcha Sacramento. Kulowa banki mkhonde kumathandiza pawiri: kumaphunzitsa kusunga ndalama munthu amene ndalama yake yonse inkapita kwa mtsogoleri, ndiponso kumamuonetsa gulu limene mlembi amafunsidwa mafunso, msungichuma amawerengetsa ndalama poyera, ndipo wofuna kuchoka amangochoka chaka chikatha.

Za mumtima ndizo zimatenga nthawi yaitali. Munthu amatha kutuluka ndi thupi, mantha n'kutsala momwemo. Pochoka anauzidwa kuti sapita patali, adzapenga kapena adzafa chaka chisanathe. Ndiye malungo oyamba akamugwira, iye saona udzudzu wa m'dambo la Ching'ambo. Amaona temberero likukwaniritsidwa. Imeneyi ndi nthawi imene ambiri amabwerera kukagwada. Amene wapeza womuperekeza kuchipatala cha Mapale kapena ku Mzuzu Central Hospital, n'kuyezedwa magazi, n'kumwa mankhwala masiku atatu, n'kuchira, wadutsa mtsinje waukulu kuposa tsiku limene anathawa.

Pamabweranso maloto oipa, kudzidzimuka akamva nyimbo ya kumpingo kuja, ndi kulephera kusankha ngakhale tinthu tating'ono. Munthu wamkulu amatha kuima pa kaunjika kumsika kwa nthawi yaitali, malaya awiri m'manja, osadziwa kuti akufuna ati, chifukwa sanafunsidwepo chimene akufuna. Mkwiyo umabwera mochedwa, akazindikira zaka zimene anataya, kapena akamva kwa adokotala kuti matenda amene anatenga mng'ono wake amachizika ndi mankhwala otchipa. Ena amathawira ku kachasu ndi chamba, ena amafika poganiza zodzipha. Zimenezi si umboni wakuti temberero lagwira. Ndi mabala odziwika bwino kwa a zaumoyo, ndipo amachizika. Mzuzu ili ndi mwayi pa nkhaniyi, poti bungwe la Saint John of God lakhala likupereka uphungu ndi chithandizo cha matenda a maganizo mumzindawu kuyambira m'zaka za m'ma 1990, ndipo limaphunzitsanso achinyamata ntchito zamanja.

Bala losapola msanga ndi la banja. Wotuluka amatchedwa wakugwa, ndipo otsala amalamulidwa kuti asadye naye, asamupatse moni. Amatha kukumana ndi mayi ake pa kiyosiki yotungira madzi, mayiwo n'kuyang'ana kumbali, chidebe chisanadzaze n'kunyamuka. Pa chikhalidwe chathu chimene chimapweteka koposa ndi maliro: kumva mochedwa kuti bambo anaikidwa, kapena kufika pasiwa n'kuuzidwa kuti ukhale kutali. Odziwa za uphungu amalangiza kuti wotuluka asatseke khomo kumbali yake. Moni wa pafoni wosayankhidwa, kapena shuga wotumizidwa kudzera mwa mwana, zimauza otsalawo kuti kunja kuli munthu wawo amene sanafe ndipo sanapenge. Kawirikawiri wachiwiri kutuluka m'banja amatsata njira ya woyamba.

Oyandikana naye amalakwitsa m'njira ziwiri. Ena amamuseka, kumufunsa pagulu kuti, "Paja dziko litha liti?" Ena, ndi mtima wabwino ndithu, amamukokera msangamsanga kwa mneneri wina kuti akamuchotse ziwanda, osadziwa kuti akumubwezera pa chinthu chomwe chija: munthu mmodzi wodziwa zonse, iye wogwada. Pa za chikhulupiriro wotuluka asiyidwe apume. Ena pakapita nthawi amalowa CCAP, Katolika kapena mpingo wina n'kukhazikika. Ena amapemphera okha kunyumba. Ena safunanso kumva za tchalitchi. Zonsezi gawo 33 lija limalola.

Lamulo ndi kopita

Lamulo losamalira ndi kuteteza ana la 2010 limapereka mphamvu kwa apolisi ndi a ofesi yosamalira anthu kuchotsa mwana pamalo pamene moyo wake uli pachiswe, kuphatikizapo pamene akumanidwa chithandizo cha kuchipatala, n'kumuika pamalo otetezeka khoti la ana lisanagamule. Lamulo la maukwati la 2015, ndi kusintha kwa malamulo aakulu a dziko mu 2017, zinakhazikitsa kuti palibe ukwati wa munthu wosakwana zaka 18, kaya makolo avomere, kaya mneneri alote. Chovuta n'chakuti lamulo limafika pakhomo pokhapokha wina akanena, ndipo m'madera ngati Ching'ambo, mmene nyumba zimayang'anizana mazenera, anthu amadziwa zambiri koma amaopa kutchedwa akazitape kapena olimbana ndi Mulungu. Ku Shakahola nakonso achibale ena anadandaula kale manda asanafukulidwe.

Amene akudziwa mwana wobisidwa akadwala, woletsedwa sukulu kapena wokonzeredwa ukwati angathe kukanena ku Victim Support Unit ya polisi, ku ofesi yosamalira anthu, kapena kwa mlangizi wa zaumoyo wa m'dera lake. Palinso nambala ya 116 yothandiza ana. Ndi yaulere, ndipo woimba sachita kukhala wachibale wa mwanayo.